Tsiku la chisankho cha ophunzira likafika ku khothi

Anthu ambiri kuno ku Ntcheu akamva kuti ophunzira a pa sukulu ya ukachenjede apita ku khothi kukatsutsa tsiku limene laikidwa kuti asankhe atsogoleri awo, amapukusa mitu n'kunena kuti ana a masiku ano sachedwa kuthamangira kwa maloya. Makolo amene akulipira fizi movutikira amafunsa ngati anatumiza mwana kusukulu kukaphunzira kapena kukachita milandu. Funso lawolo ndimalimvetsa, pakuti inenso ndine mphunzitsi amene ndakhala ndikuthandiza kulipirira ana a abale anga, koma sindigwirizana ndi maganizo akuti nkhaniyi ndi yachibwana. Tsiku la chisankho ndi limene limagamula amene adzavote ndi amene sadzavota, ndipo munthu amene ali ndi mphamvu yolisuntha mmene wafunira amakhala atagwira kale mbali ya zotsatira asanakhudze n'komwe bokosi la mavoti.

Tiyambe taona chimene ophunzirawa amalimbirana. Mtsogoleri wa bungwe la ophunzira si kapitawo wa kalasi ayi. Pa sukulu za ukachenjede za boma, oyimira ophunzira amakhala nawo m'mabwalo akuluakulu a sukulu momwe mumakambidwa za fizi, za malo ogona, za ndondomeko ya mayeso ndi za chilango cha wophunzira amene walakwa. Ndi iwo amene amatsatira nkhani ya ngongole ku bungwe la boma lobwereketsa ndalama kwa ophunzira pamene maina achedwa kutuluka kapena ndalama zodyera sizinalowe, ndiponso ndi iwo amene amasunga ndi kugwiritsa ntchito ndalama zimene wophunzira aliyense amasonkha ku bungwelo. Mwana wochokera ku Tsangano, amene bambo ake anagulitsa matumba a mbatata ya kachewere kuti alipire semesita imodzi, alibe pakamwa pena pomulankhulira m'zipinda zimenezo kupatula anthu amene iye wawasankha. Choncho akamufunsa kuti avote tsiku limene iye sangakhalepo, amamulanda chinthu chenicheni.

Chimene chimachititsa kuti nkhani ya tsiku ikhale yovuta kwambiri m'dziko muno n'chakuti kalendala ya sukulu zathu za ukachenjede siikhazikika. Mu 2011 maphunziro anaima kwa miyezi yambiri ku Chancellor College ku Zomba pa mkangano wa ufulu wa aphunzitsi, umene unabuka mkulu wa apolisi pa nthawiyo, a Peter Mukhito, ataitanitsa a Blessings Chinsinga kukawafunsa za zimene anaphunzitsa m'kalasi. Mu 2016 zionetsero zokana kukwera kwa fizi zinatseketsanso sukulu. Pa 23 March 2020 sukulu zonse m'dziko muno zinatsekedwa chifukwa cha Covid-19, ndipo mu 2021 University of Malawi (UNIMA) inagawidwa patatu, n'kubala MUBAS, yomwe kale inali Polytechnic, ndi KUHeS, ya maphunziro a zaumoyo, pambali pa UNIMA imene inatsala ku Zomba. Chilichonse mwa zinthu ngati izi chikachitika, chaka cha maphunziro chimatalika kapena kufupika, magulu ena amatsegulira pamene ena ali patchuthi, ndipo nthawi ya atsogoleri a ophunzira, imene kawirikawiri imakhala ya chaka chimodzi, imatha pamene palibe amene akudziwa bwino ngati chakacho chiwerengedwe ndi miyezi 12 kapena ndi masemesita awiri. Mpata umenewu ndi umene mikangano imalowera.

Ndinaziona pafupi pamene mwana wa mchemwali wanga ankakhala kunyumba kwanga pochita maphunziro oyeserera uphunzitsi pa sekondale ina ya m'dera lathu. Sukulu yake ya ukachenjede sindiitchula. Madzulo ena anali pakhonde akuchonga makope a Folomu 2, choko chikadali m'zikhadabo, pamene uthenga unalowa pa gulu lawo la WhatsApp. Anauwerenga kawiri, kenako anandipatsa foniyo n'kunena kuti, "Amalume, taonani, akuti tivota Lachisanu lomwe lino." Chidziwitsocho chinali chithunzi cha pepala lomatidwa pa bolodi, lokhala ndi chidindo koma lopanda chifukwa chilichonse chosunthira chisankho chimene onse ankachiyembekezera semesita yotsatira. Sabata yomweyo aphunzitsi ake ochokera ku koleji ankayembekezeka kubwera kudzamuona akuphunzitsa, ndipo malikisi a tsiku limenelo ndi amene akanagamula ngati wakhoza. Anawerengera ndalama ya minibasi yopita ndi yobwerera, n'kupeza kuti ikanadya ya chakudya chake cha masiku ambiri. Sanali yekha: gulu lonse la chaka chake linali litamwazikana m'masukulu a m'maboma osiyanasiyana, ndipo mmodzi mwa opikisana pa mpando wa pulezidenti anali wa gulu lomwelo, kutanthauza kuti anthu amene ankamudziwa bwino ndi amene sakanavota. Anabweza foni m'thumba n'kupitiriza kuchonga, koma ndinaona kuti kope limodzi analigwira nthawi yaitali osalembamo kanthu.

Aliyense amene amadziwa msika wa Lizulu akhoza kumvetsa zimenezi. Tsiku la msika litasinthidwa usiku, uthenga n'kuperekedwa kwa okhawo okhala m'mbali mwa msewu wa M1, palibe amene angati mlimi wa kabichi wochokera kuseri kwa mapiri waletsedwa kugulitsa, komabe iye adzafika msika utatha.

Dziko lathu lomwe lino linaphunzira kale kuti tsiku la chisankho ndi nkhani ya malamulo. Mu 2004 chisankho chachikulu chinasunthidwa kuchoka pa 18 May kufika pa 20 May, dandaulo la otsutsa boma pa kaundula wa ovota litafika ku khothi. Pa 3 February 2020 oweruza asanu anafafaniza chisankho cha pulezidenti cha pa 21 May 2019 n'kulamula kuti chichitikenso pasanathe masiku 150, ndipo miyezi yotsatirayo tinamva masiku atatu osiyana akutchulidwa, 19 May, 2 July ndi 23 June, mpaka tinavota pa 23 June. Amene anatsatira nkhaniyo pa wailesi akukumbukira mmene kusadziwika kwa tsiku kunautsira mitima ya anthu. N'chifukwa chake malamulo aakulu a dziko lino samusiyira munthu mmodzi kusankha tsiku la chisankho chachikulu, koma amalitchula okha. Kale linali m'mwezi wa May, pano lili m'mwezi wa September, ndipo mu 2025 linagwa pa 16 September. Ophunzira athu akula akuona zonsezi, ena mwa iwo akuphunzira zamalamulo ku Zomba, ndipo sitingadabwe akamafuna kuti muyeso womwewo ugwire ntchito pa chisankho chawo.

Kodi malamulo amawapatsa poima? Amawapatsa, ngakhale kuti njira yake si yosalala monga mmene ambiri amaganizira. Gawo 32 la malamulo aakulu a dziko lino limateteza ufulu wokhala m'bungwe. Gawo 43, limene ndi lofunika kwambiri pankhaniyi, limanena kuti munthu aliyense ali ndi ufulu woti akuluakulu oyendetsa zinthu achite naye motsata malamulo ndi mwachilungamo, komanso kuti apatsidwe zifukwa zolembedwa pamene chiganizo chawo chikukhudza ufulu wake, zofuna zake kapena chiyembekezo chimene anali nacho moyenera. Mawu akuti chiyembekezo ndi olemera pano. Ngati kalendala ya sukulu kapena malamulo a bungwe la ophunzira ananena kuti chisankho chidzachitika nthawi yakutiyakuti, wophunzira amene anakonzekera kupikisana kapena kuvota pa nthawiyo ali ndi chifukwa chomveka chofunsira kuti zasinthiranji, ndipo yankho lake liyenera kukhala lolembedwa, osati la pakamwa m'khonde la ofesi.

Koma loya aliyense wabwino amayamba wafunsa kuti amene wasuntha tsikuyo ndani. Ngati ndi akuluakulu a sukulu ya boma, imene inakhazikitsidwa ndi lamulo la Nyumba ya Malamulo, wodandaula angapemphe khothi lalikulu kuti liunikenso chiganizocho, ndipo malamulo oyendetsera milandu a 2017 amati pempho lotere liperekedwe msanga, pasanathe miyezi itatu. Pounikapo, woweruza safunsa ngati tsiku linalo linali labwino kuposa ili. Amafunsa ngati wopanga chiganizoyo anali ndi mphamvu yotero, ngati anatsata ndondomeko, ngati anamva mbali ya okhudzidwa, ndiponso ngati chiganizocho n'chomveka kwa munthu woganiza bwino. Ngati amene wasuntha tsiku ndi komiti ya ophunzira okhaokha yoyendetsa chisankho, kapena sukuluyo si ya boma, nkhani imatsamira kwambiri pa malamulo a bungwelo, amene ali ngati pangano pakati pa mamembala ake. Ndipo m'njira zonse ziwiri woweruza angafunse ngati wodandaulayo anayamba wagogoda pa zitseko za pa sukulu pomwepo, monga ofesi ya mkulu woona za ophunzira kapena komiti yomva madandaulo, asanabwere ku khothi. Ophunzira ambiri amagwa pa mafunso amenewa mlandu weniweni usanayambe kumvedwa.

Chimene ambiri amathamangira, komabe, ndi chiletso, pakuti ndicho chokha chimene chingaimitse chisankho cha mawa. Kuti khothi lipereke chiletso, wopempha amayenera kuonetsa kuti pali nkhani yeniyeni yofunika kuzengedwa, kuti chipukutamisozi cha ndalama sichingakonze chimene chionongeke, ndiponso kuti kupereka chiletsocho n'chilungamo poyeza mbali zonse. Mfundo yachiwiriyo imakhala yosavuta kwa wophunzira, chifukwa palibe ndalama imene ingabwezere voti imene sanaponye kapena mpando umene sanapikisane nawo. Vuto limakhala pa mfundo yachitatu. Nthawi zambiri pempho limafika kutatsala maola ochepa, mapepala ovotera atasindikizidwa kale, opikisana ena atawononga ndalama zawo pa mapositala ndi pa misonkhano yokopa anzawo, ndipo limamvedwa mbali inayo palibe. Pa chifukwa chimenechi malamulo amafuna kuti wopempha chiletso mbali inayo isanaitanidwe aulule zonse, ngakhale zimene sizikumukomera, ndipo akabisa kanthu chiletsocho chikhoza kuchotsedwa pa chifukwa chokhacho.

Apa ndi pamene mtima wanga umagawikana, ndipo ndikufuna ndikhalepo pang'ono. Akuluakulu anati walira mvula walira matope. Pa chisankho chimene mwana wa mchemwali wanga sakanatha kukavota chija, mmodzi mwa opikisana anakatengadi chiletso, ndipo ophunzira amene anali kutali anasangalala tsiku limenelo. Koma chiletso chimangoimitsa zinthu. Sichiika tsiku latsopano. Mlandu unayamba kudikira nthawi yake pamzere umodzi ndi milandu ya malo, ya ngongole ndi ya ntchito, maloya akupempha kuti uimitsidwe kaye, ndipo mayeso anafika, tchuthi chinadutsa. Pa nthawi yonseyo atsogoleri akale, amene nthawi yawo inali itatha ndipo ena mwa iwo ankaganiziridwa kuti ndiwo anakonza zosuntha tsikulo, anapitiriza kukhala m'maudindo ndi kusayinira ndalama za bungwe. Mwana wa mchemwali wanga uja anamaliza maphunziro ake osavotanso. Munthu amene anali ndi dandaulo loona anapambana pa tsiku loyamba, koma chimene ankafuna, chomwe ndi chisankho chachilungamo pa nthawi yabwino, sanachipeze.

Izi zimachitika chifukwa mpando wa chaka chimodzi sungapirire mlandu wa miyezi yambiri. Phungu wa Nyumba ya Malamulo ali ndi zaka zisanu, kotero ngakhale mlandu wake utatenga chaka, chigamulo chimakhalabe ndi ntchito. Wophunzira wa chaka chachitatu amene akufuna kutsogolera m'chaka chake chomaliza ali ndi mwayi umodzi wokha, ndipo chigamulo chikatuluka iye atavala kale gauni, chimakhala pepala chabe. Nthawi zina zimaipa kuposa pamenepa: akuluakulu a sukulu, poona kuti palibe atsogoleri ovomerezeka, amasankha okha komiti yongogwirizira, ndipo ngati nkhani ya fizi yabuka m'miyezi imeneyo, ophunzira amayimiridwa ndi anthu amene anaikidwa ndi mbali yomwe akuyenera kukambirana nayo. Mkwiyo umene ukanatha pa tebulo umathera pamsewu, sukulu n'kutsekedwa, kalendala n'kusokonekeranso.

Palinso funso la amene angakwanitse kufika ku khothiko. Khothi la majisitireti la pa boma pano silingaunike chiganizo cha yunivesite. Nkhani zotere zimapita ku khothi lalikulu, ku Blantyre, ku Lilongwe, ku Zomba kapena ku Mzuzu, ndipo loya salemba mapepala a chiletso usiku wonse kwaulere. Bungwe la Legal Aid Bureau lilipo kuthandiza osowa, ofesi ya Ombudsman nayonso imamva madandaulo a anthu amene sanachitiridwe chilungamo ndi maofesi a boma, koma mabungwewa ali ndi milandu yambiri ndipo wophunzira amene chisankho chake chili mawa sangadikire. Ndiye ndalama ya loya imachokera kuti? Si chinsinsi kuti zipani za ndale zimakhala ndi nthambi zawo m'sukulu za ukachenjede ndipo zimakonda kuti mtsogoleri wa ophunzira akhale wawo. Sindikunena kuti wophunzira aliyense wopita ku khothi watumidwa, ndipo kunena choncho kungakhale kunyoza achinyamata ambiri olimba mtima amene amasonkherana okha. Ndikunena kuti njira yodula imakomera amene ali ndi womuthandiza kumbuyo, ndipo mwana wa mlimi wa ku Kampepuza amene walakwiridwa chimodzimodzi amangokhala chete.

Akuluakulu a sukulu nawo ali ndi mbali yawo, ndipo si bwino kuwaona ngati adani nthawi zonse. Kampeni ya ophunzira imakhala yaphokoso, nthawi zina pamakhala mowa ndi ndewu, ndipo palibe mkulu wa sukulu amene angafune zimenezi sabata ya mayeso. Semesita ikafupikitsidwa pofuna kubweza nthawi yotayika, masabata opanda mayeso amachepa zedi. Izi ndi zifukwa zomveka, ndipo khothi likhoza kuzivomereza. Koma chifukwa chomveka sichiopa kulembedwa. Chimene chimapweteka ophunzira, ndipo chimene chimafooketsa mbali ya sukulu pamaso pa woweruza, ndi chidziwitso cha mizere iwiri chotuluka mwadzidzidzi, chopanda chifukwa, popanda kufunsa opikisana kapena magulu amene ali kunja kwa sukulu pa atachimenti, m'zipatala kapena m'masukulu oyeserera uphunzitsi.

Maganizo anga ndi akuti milandu yambiri yotereyi ikanapeweka ngati tsiku la chisankho likanachotsedwa m'manja mwa anthu n'kuikidwa m'malamulo a bungwe la ophunzira, monga mmene dziko linachitira ndi chisankho chake. Popeza kalendala yathu imasuntha, kulemba mwezi ndi tsiku sikungathandize. Chofunika ndi kulemba kuti chisankho chidzachitika sabata yakutiyakuti kuchokera pamene semesita yatsegulidwa, kuti sukulu ikatsekedwa kuwerengako kumaima, ndipo ikatsegulidwa kumapitirira pomwe kunalekera. Malamulo omwewo anene masiku ochepetsetsa a chidziwitso, nthawi yoti kaundula wa ovota apachikidwe poyera kuti aliyense aone dzina lake, ndi zifukwa zowerengeka zimene tsiku lingasunthidwire, komanso malire a kusunthako. Komiti yoyendetsa chisankho isasankhidwe ndi atsogoleri amene akutuluka, pakuti ena mwa iwo amakhala akufuna kupikisananso kapena ali ndi munthu wawo. Ndipo koposa zonse, malamulowo anene momveka kuti nthawi ya atsogoleri ikatha, mphamvu zawo zosayinira ndalama zathanso, chifukwa pamenepo palibe amene angapindule ndi kuchedwa kwa chisankho.

Za ophunzira amene ali kutali, nkhaniyi si yovutanso monga kale. Sukulu zambiri zimalembetsa ophunzira ndi kutulutsa zotsatira za mayeso pa intaneti, wophunzira aliyense ali ndi nambala yake, ndipo n'zotheka kukonza njira yoti munthu amene ali ku Bawi kapena ku Nsipe avote pa foni. Ndikudziwa kuti netiweki imavuta m'madera athu ena ndiponso kuti ophunzira amakayikira makina amene akuyendetsedwa ndi akuluakulu a sukulu okha, choncho njira yotere iyenera kukhala ndi oyang'anira ochokera kwa opikisana onse, ndipo ikhale yotsegula kwa nthawi yokwanira kuti amene akuphunzitsa m'mawa avote madzulo.

Mikangano idzakhalapobe, ndipo ikabuka payenera kukhala bwalo la pa sukulu pomwepo loti liimve msanga. Ndikuganiza za kagulu kochepa kokhala ndi mphunzitsi wa zamalamulo kapena loya wochokera kunja kwa sukulu, woyimira akuluakulu a sukulu ndi ophunzira amene sakupikisana nawo, kokakamizidwa ndi malamulo kumva dandaulo ndi kupereka chigamulo cholembedwa m'masiku ochepa chisankho chisanachitike. Bwalo lotere silitseka khomo la khothi, chifukwa gawo 41 la malamulo aakulu limapatsa munthu aliyense ufulu wopita ku khothi, ndipo palibe malamulo a bungwe amene angachotse ufuluwo. Chimene lingachite ndi kuthandiza woweruza, amene adzapeze zifukwa za mbali zonse zitalembedwa kale, komanso kuthandiza wophunzira wosauka amene sangafike kwa loya.

Kwa makhothi enieniwo pempho langa ndi limodzi. Woweruza akaona kuti n'koyenera kuimitsa chisankho cha ophunzira, chiletsocho chibwere pamodzi ndi tsiku lapafupi lomvera mbali zonse, ndipo ngati n'kotheka chigamulo chinene nthawi imene chisankho chatsopano chiyenera kuchitikira, monga mmene oweruza aja anaikira masiku 150 mu 2020. Pa chisankho cha pa sukulu masiku ofunika ndi ochepa kwambiri kuposa amenewo, chifukwa ovota onse ali kale m'kaundula wa sukulu, malo ovotera ndi holo imodzi kapena ziwiri, ndipo mavoti amawerengedwa usiku womwewo.